Andipatsa ntchito ya kuseri kwa kamera pomwe ine ndimafuna kumaoneka pa TV, upulodyusa uli ndi tsogolo?

Kamtsikana_kaNkhani analemba:

Moni nonse akuluakulu. Ndikupempha nzeru kwa amene munagwirako ntchito ku wailesi ya kanema makamaka ku mapulogalamu aja ofukula zomwe zikuchitika, osati nkhani zongowerenga madzulo zija ayi, koma aja amatenga nkhani imodzi nkuisenda bwinobwino mphindi 30 kapena ola lathunthu. Ndangomaliza kumene sukulu ya utolankhani nde ndinakayesa mwayi pa siteshoni ina, ine mumtima ndimafuna uripota, kuima kutsogolo kwa kamera, sindinama ayi kuyambira ndili mwana ndimayeserera pa galasi botolo la mafuta lili mmanja ngati maiki kkkk. Nde atandiyesa andiuza kuti malo a ripota palibe koma akufuna risecha, munthu wofufuza nkhani nkumathandiza pulodyusa, ndipo amayi amene amandifunsa mafunso aja anati ndikalimbikira ndikhoza kudzakhala pulodyusa pandekha. Kontilakiti yake ndi ya miyezi 6 yokha.

Vuto langa ndi loti sindikudziwa kuti pulodyusa amatani kwenikweni, kusukulu anangotiuza kuti amayang'anira pulogalamu basi, kuyang'anira kwake kotani kaya. Komanso ndikuopa kuti ndikangolowa kumeneko anditsekera kuseri mpaka ukalamba anzanga akutchuka. Zimatenga zaka zingati kuti munthu afike pa upulodyusa weniweni? Akufuna yankho pofika Lachisanu, chonde ndithandizeni ndisachite zinthu mwachimbulimbuli.

Mayi_Pulodyusa anayankha:

Mwanangu landira ntchitoyo, Lachisanulo usalidikire nkomwe. Ine ndakhala kuseri kwa kamera zaka zoposa 20 ndipo anthu oyandikana nawo nyumba sadziwa kuti ndimagwira ku TV, amangodziwa kuti mayi aja amafika usiku.

Ndikuuze zomwe kusukulu sananene. Pa pulogalamu ya mtundu umenewu mwini nkhani ndi pulodyusa. Ripota amabwera kudzaiyankhula, pena amakhala ali ndi nkhani zitatu kapena zinayi nthawi imodzi, koma wogona nayo nkudzuka nayo ndi iweyo. Ndiwe umaipeza, ndiwe umakanyengerera mkonzi wamkulu pa msonkhano wa mmawa kuti ailole, umaimba mafoni 40 kuti upeze anthu atatu ovomera kuyankhula, umalemba bajeti, umadziwa kuti galimoto inyamuka nthawi yanji ndipo chilolezo chojambulira chili mchikwama cha ndani, kenako pojambula umakhala pambali pa kamera ndi kope lako kumamvetsera ngati funso lija layankhidwadi kapena munthu wangolizungulira. Ripota akamati zikomo kwambiri chifukwa cha nthawi yanu, ndiwe umamunong'oneza kuti ayi bwererani pa za tsiku lija sanayankhe. Ikakhala layivu ndiye uli mchipinda chowongolera, ukuyankhula mkhutu mwa muulutsi, diso limodzi pa wotchi.

Anthu amadziwa pulogalamu ya 60 Minutes ya siteshoni ya CBS ku America chifukwa cha nkhope ngati Mike Wallace, koma anaiyambitsa mu 1968 ndi pulodyusa, Don Hewitt, ndipo anaiyendetsa mpaka 2004. Intavyu ija ya Prince Andrew wa ku Britain pa pulogalamu ya BBC ya Newsnight mu November 2019, yomwe patangopita masiku ochepa mkuluyo anasiya ntchito za ku banja lachifumu, aliyense amakumbukira Emily Maitlis akufunsa. Koma amene anakhala miyezi ndi miyezi akukambirana ndi a ku nyumba yachifumu mpaka kuvomera anali pulodyusa, Sam McAlister, yemwe poyamba anali loya. Popanda iyeyo mpando uja ukanakhala wopanda munthu.

Urisecha usaunyoze, ndi pamene pamaphunziridwa zonse. Adzakupatsa intavyu ya maola awiri kuti ulembe mawu onse ndi nthawi yake, 00:14:32 wayamba kulira, 00:15:10 watchula dzina la bwana wake, zotopetsa mpaka maso kuwawa koma mmenemo ndi mmene khutu limaphunzira kuzindikira masekondi 20 amene anyamula nkhani yonse. Adzakutuma kuyamba wacheza ndi mlendo pa foni asanabwere ku situdiyo, ndipo apa samala, pali anthu odziwa zinthu kwambiri koma akaona nyali yofiira ya kamera amauma pakamwa, pali enanso olongolola bwino koma mkati mulibe kanthu. Ntchito yako ndi kuwasiyanitsa.

Ine chaka changa chachiwiri ndinapeza mkulu wina wa boma kuti abwere pa pulogalamu ya layivu, ndinanyadira sabata yonse mpaka kumayenda mothimbwidzika mu ofesi. Kutatsala mphindi 40 wothandizira wawo anangotumiza uthenga kuti bwana aitanidwa mwadzidzidzi. Foni yawo yozima. Ndinalibe munthu wina, mpando uli apo, maiki ali apo, muulutsi wapaka kale paudala. Pulodyusa wanga sanakalipe, anangotulutsa kope lake lakuda lokutha mmakona nkuimba manambala awiri, wachiwiriyo anali mphunzitsi wa ku yunivesite amene anafika thukuta lili kamukamu kutatsala mphindi 4, tinamumangirira maiki akuyenda. Titamaliza anandiuza mawu amodzi okha, kuti mlendo mmodzi si mlendo. Kuyambira tsiku limenelo ndimakhala ndi wachiwiri amene akudziwa kuti ndi wachiwiri ndipo sakhumudwa nazo, anthu oterewa uziwasunga ngati mazira.

Za makwerero, zimayenda chonchi kawirikawiri, risecha, kenako wothandiza pulodyusa, kenako pulodyusa, kenako woyang'anira mndandanda wonse wa mapulogalamu kapena mkonzi wamkulu. Ine zinanditengera zaka 5 kuti andisiyire filimu yangayanga, ena zitatu, ena amatha zaka 10 akadali pomwepo chifukwa amadikira kutumidwa. Amene amakwera ndi amene amafika pa msonkhano ali ndi nkhani yawo mthumba.

Chiphwafu99 anayankha:

kkkkk botolo la mafuta landipha ine. Koma achemwali ngati nkhani ndi kuoneka bwanji osangotsegula TikTok, mawa lomwe muoneka. Ine funso langa ndi limodzi kwa amayiwa, zonse mwanenazi ndalama zake zimagwirizana ndi thukutalo? poti ife timangoona maina akuthamanga kumapeto kwa pulogalamu munthu sungawerenge nkomwe

WodulaZithunzi anayankha:

Aise Chiphwafu maina aja amathamanga dala kuti amene takwiyitsa asatipeze kkkk.

Sisi ine si pulodyusa, ndine edita wa zithunzi, ndimakhala mkachipinda kopanda zenera ndi apulodyusa amenewa usiku ndi usana nde ndimawadziwa kuposa akazi awo ndi amuna awo. Zomwe anena amayi pamwambapa ndi zoona koma akuuzani mbali yokoma. Ine ndikuuzani za mmene zimathera.

Pulodyusa amabwera kwa ine ndi zojambula za maola mwina 20 ndipo pulogalamu ndi ya mphindi 26. Wabwino amafika atadziwa kale kuti nkhani yake ikuyambira pati ndipo ikuthera pati, ali ndi pepala la mawu ndi nthawi zake lija amayi amanena. Woipa amafika ndi hadi dirayivu nkuti man tiyeni tione zomwe zilimo, ameneyo ndiye timagona naye pa mipando masiku atatu. Komanso kulemba sikiripiti ya TV si kulemba nyuzipepala, mawu amatsata chithunzi, ngati chithunzi chikuonetsa mayi akulira sulembanso kuti mayiyu ndi wokhumudwa, owonera ali ndi maso. A Chingerezi amawerengera mawu atatu pa sekondi, koma chilankhulo cha mawu ataliatali lamulo limenelo silikwana, umangoyenera kuwerenga mokweza wotchi ili mmanja.

Chinthu chimene sindidzaiwala ndi ichi. Tinapanga filimu ya azimayi ena amene amachitidwa zachipongwe pa ntchito, mmodzi anavomera kuyankhula pokhapokha tikamubisa. Pulodyusa analonjeza. Nkhope tinaiphimba, mawu tinawasintha, tonse tinaonera kawiri kawiri, loya anaonera, mkonzi wamkulu anaonera, aliyense kuti zili bho. Palibe anaona kuti pa dzanja lake panali chipsera cha moto chachikulu ndithu ndipo poyankhula amakonda kukweza dzanja lomwelo. Mmawa mwake pa ntchito pake aliyense anali atadziwa. Foni yoyamba sinabwere kwa ripota, sinabwere kwa ine amene ndinadula zithunzizo, inabwera kwa pulodyusa chifukwa ndi amene anakhala pa mpando wa mnyumba mwa mayiyo nkumuuza kuti musaope. Ndinamuona munthu wamkulu atagwira foni manja akunjenjemera, akungoti pepani, pepani mayi. Mpaka lero ndikamabisa munthu ndimayang'ana manja, ndolo, makatani a kumbuyo, kalendala ya pa khoma, kayendedwe, ndipo mawu ndimakonda kuti awerenge munthu wina chifukwa ongosinthidwa ndi kompyuta aja wodziwa akhoza kuwabweza.

Nde upulodyusa ndi umenewo, mutu ukakula sulewa nkhonya. Kafufuzeni za Mary Mapes, amene anali pulodyusa ku CBS. Mu April 2004 ndi amene anatulutsa nkhani ya zithunzi za nkhanza za asilikali a America ku ndende ya Abu Ghraib ku Iraq, dziko lonse linagwedezeka. Chaka chomwecho mu September anatulutsa nkhani ya usilikali wa George W. Bush, pulezidenti wa America nthawi imeneyo, potsamira zikalata zomwe amati zinalembedwa kumayambiriro kwa zaka za mma 1970, anthu pa intaneti nkuona kuti zilembo zake zikufanana ndi za Microsoft Word, ndipo CBS inalephera kutsimikiza kuti ndi zenizeni. January 2005 anachotsedwa ntchito. Miyezi yochepa chabe kuchoka pa nkhani yaikulu ya moyo wake.

Kamtsikana_kaNkhani anayankha:

Eee zikomo amayi, zikomonso achimwene a zithunzi ngakhale mwandiopseza, nkhani ya chipserayo yandikhala pamtima. A Chiphwafu TikTok ndili nayo kale ili ndi anthu 83 ndipo theka ndi abale anga. Koma funso la ndalama lija amayi mwalilumpha dala kapena? Komanso palibe wandiyankha ngati munthu ungachoke kuseriko nkudzapita kutsogolo kwa kamera

Ndinathawako anayankha:

Alilumpha dala achemwali, ndikuyankheni ine amene ndinagwirako zaka 7 nkuthawa.

Ndalama sizigwirizana ndi ntchito, makamaka zaka zoyamba. Amene amadya bwino ndi nkhope zija ndi mabwana apamwamba, inu wapakati mumangomva kuti ntchito yathu ndi maitanidwe ngati ubusa. Ndipo kontilakiti ya miyezi 6 imeneyo musaione ngati poyambira chabe, ena moyo wawo wonse ndi umenewo, miyezi 6, miyezi itatu, kenako mwezi wopanda kanthu ukudikira foni. Mapulogalamu ofufuza amadya ndalama zambiri ndipo sabweretsa otsatsa malonda, pena amawathamangitsa kumene, nde bajeti ikavuta ndi amene amayamba kudulidwa. Ngakhale BBC yomwe, kumapeto kwa 2023 inalengeza kuti Newsnight ifupikitsidwa kukhala ya mphindi 30, mafilimu ofufuza achotsedwa kutsale zokambirana, ndipo anthu oposa theka la ogwira ntchito pa pulogalamuyo malo awo anatha. Pulogalamu yoti inayamba 1980. Ngati zikuchitika kumeneko ndiye kwina kuli bwanji.

Chimene chinanditopetsa ine si maola ayi ngakhale ukwati wa mng'ono wanga ndinafika anthu akuchotsa mipando. Ndi tsiku limene filimu yomwe ndinaivutikira miyezi 4 inaimitsidwa kutatsala masiku awiri, zonse zili mmalo, umboni ulipo, kalata yopatsa mwayi woyankha tinatumiza nthawi yabwino ndipo anayankha, loya wavomera. Kenako bwana wina kumtunda anangoti tiyeni tiyembekeze kaye. Kuyembekeza kwake mpaka lero. Ndinadzamva mochedwa kuti kampani imene timaifufuzayo imalipira malonda ambiri pa siteshoni. Ndipo amene anakawauza anthu 9 omwe anaika ntchito zawo pachiswe poyankhula nafe kuti sizituluka ndinali ine, mmodzimmodzi pa foni. Zoterezi si zachilendo, CBS mu 1995 inaimitsa intavyu ya Jeffrey Wigand yemwe amaulula za kampani ya fodya ya Brown & Williamson poopa milandu, pulodyusa wake Lowell Bergman anamenya nkhondo mkati momwemo mpaka inadzatuluka mu February 1996. Iyeyo anapambana, ine ayi.

Komanso zikavuta amene amaphwanyika ndi wamng'ono. Intavyu ya Princess Diana pa pulogalamu ya BBC ya Panorama mu 1995, mtolankhani Martin Bashir anagwiritsa ntchito masitetimenti abodza a ku banki kuti afike kwa mchimwene wake wa Diana. Wojambula zithunzi za pa kompyuta amene anatumidwa kupanga mapepalawo osadziwa cholinga, atazindikira anakanena kwa mabwana, ndipo amene anatsekeredwa zitseko za ntchito ndi iyeyo. Zinatenga mpaka 2021, lipoti la Lord Dyson amene anafufuza nkhaniyi, kuti BBC ivomere ndi kumupepesa. Zaka 26.

Osaiwala kuti ena amafa nazo. Ahmed Hussein-Suale wa ku Ghana sanali nkhope ya pa TV, anali wofufuza wa kuseri mu gulu la mtolankhani Anas Aremeyaw Anas lomwe linaulula ziphuphu za mu mpira mu 2018. Chithunzi chake chinaonetsedwa pa TV ndi phungu wina, ndipo mu January 2019 anawomberedwa ku Accra. Nde amene akuganiza kuti kuseri kwa kamera ndi kobisalako aganizenso.

Panopa ndimalemba za kampani ina, ndimaweruka dzuwa likadalipo. Ndikaona filimu yabwino yofufuza mtima umandipweteka pang'ono, sindikana, koma ndimagona tulo.

Mayi_Pulodyusa anayankha:

A Ndinathawako palibe chimene mwanama, ndipo za filimu yoimitsidwa nanenso ndili nazo ziwiri mu kabati. Yachitatu ndinaikana kuiika mu kabati, ndinapita nayo kwa mkonzi wamkulu katatu, kachitatuko ndinamufunsa kuti andilembere pa pepala chifukwa chake, sanafune kulemba ndipo inatuluka. Sizitheka nthawi zonse koma pena bwana amaopa cholembera kuposa mmene amaopera wotsatsa malonda.

Mwanangu za ndalama ndinalumphadi kkk, walira mvula walira matope. Koma za kupita kutsogolo kwa kamera, inde zimatheka ndipo ndaona ambiri, ripota amene anayamba ndi urisecha amaoneka msanga chifukwa sadikira kupatsidwa mafunso. Masiku ano mpanda wake unagwa kale, siteshoni zambiri zikufuna munthu mmodzi wotha kufufuza, kujambula yekha, kudula pang'ono pa laputopu ndi kuyankhula. Nde mmiyezi 6 imeneyi kakamira wojambula akuphunzitse kamera ndi kutola mawu, mawu makamaka, chithunzi choipa owonera amapirira koma mawu oipa amasintha tchanelo. Phunziranso kutsimikiza mavidiyo a pa intaneti. Mu 2018 a BBC Africa Eye anatenga vidiyo ya asilikali akupha azimayi awiri ndi ana awiri, boma la Cameroon litayamba lanena kuti ndi yabodza, iwo anafananiza mapiri a kumbuyo ndi zithunzi za setilaiti, anayeza mithunzi kuti adziwe nyengo yake, anayang'ana mfuti ndi yunifolomu, mpaka kupeza malo ake kumpoto kwa dzikolo. Ntchito yaikulu inachitika anthu atakhala pa kompyuta. Wachinyamata wodziwa zimenezi ine ndimamulemba ntchito mawa.

Koma chimene ndimafuna kwa risecha kuposa zonsezi ndi mwano waulemu, kutha kufunsa wamkulu kuti tadziwa bwanji. Mu November 2012 Newsnight yomweyo inaulutsa nkhani ya bambo wina amene amati anachitidwa nkhanza ali mwana ndi wandale wamkulu, dzina sanatchule koma pa intaneti anthu analoza Lord McAlpine. Palibe amene anamuonetsa bamboyo chithunzi cha McAlpine nkhani isanatuluke, palibenso anamuimbira McAlpine. Ataona chithunzi anati si ameneyu. Mkulu wa BBC yonse George Entwistle anatula pansi udindo atangokhala masiku 54. Chithunzi chimodzi chokha, ntchito yoti risecha wa sabata yoyamba akanaichita akanakhala kuti wina analimba mtima kufunsa. Ndiye ukadzamva mumtima kuti apa pakusoweka kanthu usati poti ndine mwana, yankhula, akakukalipira akukalipire. Ndipo chilichonse ulembe, waimbira ndani, tsiku lanji, nthawi yanji, anati chiyani, makope amenewo usataye ngakhale zaka zipite, tsiku lina loya adzawafuna.

Ukadzaona pakutha pa miyezi 6 kuti mtima ukadali pa botolo la mafuta lija, palibe wakumanga, udzapite uli ndi manambala a foni odzaza kope. Ine ndinalowanso ndikufuna kuoneka. Tsiku limene ndinamva muulutsi akufunsa funso limene ndinamunong'oneza mkhutu, mlendo nkukhala chete masekondi 5 athunthu akuyang'ana tambula ya madzi, za galasi zinathera pomwepo.

Chiphwafu99 anayankha:

masekondi 5 mumawerenga ndithu amayi? kkkk anthu inu mitu yanu ndi mawotchi

Kamtsikana_kaNkhani anayankha:

Ndawatumizira imelo kuti ndavomera, ayankha kuti ndiyambe Lolemba 8 koloko ndipo ndibwere ndi nkhani ziwiri zoti ndikanene pa msonkhano, ine ndimayesa sabata yoyamba ndi yongoonetsedwa kumene kuli chimbudzi. A Ndinathawako mawu anu ndawasunga, sindinawataye. Tsiku loyambalo nditenge chani kupatula kope?

WodulaZithunzi anayankha:

Mahedifoni anuanu, tchaja, nsapato zoti mukhoza kuthamanga nazo, ndi juzi chifukwa mchipinda chodulira zithunzi mumazizira ngati mu filiji. Ndipo mukadzabwera kwa edita ndi hadi dirayivu mafayilo ake muwapatse maina sisi chonde, osati final, final2, finalyeniyeni